Kuchokera pa Bwalo Kufika ku Dzaleka: Malo Amene Adaumba Nyimbo Zathu

Munthu akaima usiku pa mtunda wa ku Dowa mwezi usanatuluke, nayang'ana cha kummwera, amaona kuwala kofiirira m'munsi mwa thambo ngati tchire likupsa kutali. Si lupsa ayi, ndi magetsi a mzinda wa Lilongwe. Anyamata athu ambiri a luso la zoimbaimba amayang'ana kuwala kumeneko monga momwe atate ao ankayang'anira njira ya ku Joni, poganiza kuti nyimbo zenizeni zili komweko, ndi kuti m'mapiri muno mulibe mbiri ya zisangalalo za usiku yoti munthu n'kuikamba. Ife tikuti mbiriyo ilipo, ndipo njaitali kuposa ya mzinda umene akuusirirawo.

Chimene tifuna kuti tilingalire pamodzi ndi awerengi athu mwezi uno ndi ichi: nyimbo imatenga maonekedwe a malo amene ikuimbidwira, monga mtanda wa nsima utengera chipande chimene auomolera. Tikafuna kudziwa chifukwa chake nyimbo za makolo athu zidali motero ndipo za ana athu zili motere, tisayambe ndi kufunsa za oimba. Tiyambe tafunsa kuti ankaimbira kuti, pamaso pa yani, ndipo adawaitana ndani.

Nyumba yoyamba ya zoimbaimba m'mapiri a Dowa ndi Ntchisi idalibe denga, idalibe chitseko, ndipo padalibe munthu woima pakhomo ndi mbale yolandirira ndalama. Lidali bwalo chabe, dothi losesedwa pansi pa mkuyu kapena kachere, pomwe masana amfumu ankaweruzira milandu. Nyengo yake inkadziwika ndi aliyense: dzinthu zikalowa m'nkhokwe mpaka mvula yoyamba, makamaka masiku a mwezi wowala. Tsono taonani mmene bwalolo lidaumbira nyimbo. Poti woimba ndi womvera adali munthu mmodzi yemweyo, nyimbo inkayenera kukhala yaifupi, yoti mtsogoleri akaiponya kawiri, kachitatu gulu lonse laigwira ndipo likuvomera. Poti padalibe makina okuzira mau, mphamvu yake inkachokera ku kuchuluka kwa makosi ndi kuomba m'manja. Ng'oma nazo zidali ndi maudindo: mpanje ugwire mayendedwe, mbalule ilankhule ndi mapazi a wovina, ndipo ikazizira aiwambe pamoto anthu akudikira, popanda wodandaula kuti walipira.

Koma chachikulu chidali pa mau. Munthu amene ankaimbidwa m'nyimbo ya chimtali adali pomwepo, mwina ataima kumbuyo kwa amai akuvinawo. Mkamwini waulesi, mpongozi waumbombo, mwamuna wothera ndalama ku mowa, onsewa ankamva mlandu wao ukuimbidwa popanda kutchulidwa dzina, mudzi wonse ukuseka, iwo osatha kuyankha. Nyimbo yotere siyikadatheka kukhala yopanda tanthauzo, pakuti omvera ankadziwa nkhani yake kuposa woipeka. Woimba akanama ankamutsutsa pomwepo.

Tisanamizane, bwalolo silidali paradizo. Gule wamkulu, amene bungwe la UNESCO lidamlemekeza m'chaka cha 2005, adali ndi malamulo ake oopsa, ndipo munthu wosalowa ku dambwe ankadziwa kuti pali njira zina zosayenda dzuwa likapendeka. Ndeu za pamowa zidaliponso. Komabe mwambi uja wakuti gule ndi wa aliyense, kulakwa n'kuthyola mwendo, udabadwira pa malo oterewa, ndipo sukadabadwira pa khomo lolipiritsa.

Pa magule onse a kuno, amene atiphunzitsa zambiri pa nkhani yathu ndi mganda. Gule ameneyu adafala pambuyo pa nkhondo ya 1914 mpaka 1918, anthu ataona perete wa asilikali a Keyala ndi malipenga ao amkuwa. Makolo athu adalibe mkuwa, koma adali ndi zipanda. Adabowola chipanda, namata pabowopo ndi kanembanemba ka kangaude, ndipo badza lidabadwa, lolira mwa manzenene munthu akaimbiramo. Adavala malaya oyera, makabudula ndi masokosi aatali, natenga perete wa Mzungu, chinthu choopsa chija, n'kumusandutsa chinthu chonyadira ndi choseketsa pamodzi. Uku sikudali kukopera wamba; kudali kumeza chachilendo ndi kuchibza chili chathu. Ndipo mganda udali ndi dongosolo lake la maulendo. Mudzi wina unkaitana unzake. Alendo ankabwera ndi ng'oma zao pamutu, eni mudzi n'kuwaphikira, kuwapatsa pogona, n'kupikisana nao pabwalo. Ngongole yake idali imodzi yokha: tsiku lina oitanidwawo ayenera kubweza, aitane anzao aja ndi kuwalandira momwemo. Mfundo imeneyi tiisunge, tidzaifuna kutsogoloku.

Amene afuna kumva mmene makosi a nthawi imeneyo ankamvekera angathe kutero, ngakhale njira yake njochititsa manyazi pang'ono. Hugh Tracey, amene adayenda m'dziko muno ndi makina ojambulira mau m'zaka za 1950, 1957 ndi 1958, adafika mpaka ku Visanza, dzina lakale la boma la Ntchisi. Zimene adajambulazo zimasungidwa ku sukulu ya ukachenjede ya Rhodes ku South Africa. Ndiye kuti mdzukulu wa ku Ntchisi wofuna kumva agogo ake akuimba ayenera kupempha kwa eni nkhokwe a dziko lina.

Pano tiyenera kuvomera mbali yathu ife a mipingo. Amishoni a Dutch Reformed adakhazikika ku Mvera m'chaka cha 1889 ndi ku Kongwe mu 1894, ndipo pambuyo pake ansembe a Katolika adatsekula Nambuma ndi Mpherere. Ngakhale ankasiyana pa zambiri, pa nkhani ya bwalo la usiku adagwirizana: ankaliopa. Mkhristu wopezeka ku gule ankapatsidwa chilango. Zifukwa zina zidali zomveka, koma pothira madzi akuda tidataya ndi mbale yomwe. Msonkhano waukulu wa Vatican wa 1962 mpaka 1965 utatha, ng'oma idalowa m'tchalitchi, ndipo lero palibe amene amadabwa kumva chisekese pa Misa. Koma onani chimene chidachitika: Mpingo udatenga m'mawa wa Lamulungu, usiku wa Loweruka n'kuusiya wopanda mwini. Ndipo chopanda mwini sichikhalitsa, wina amachitola.

Woyamba kuchitola adali mai wofulula mowa. Amuna obwerera ku Joni ndi ku Halale ankadza ndi galamafoni ndi zimbale za kwela, ena ndi gitala. Kuyambira 1949 kudabweranso wailesi yotsika mtengo yooneka ngati sefuliya, yotchedwa Saucepan Special, yomwe inkagwira nyimbo zoulutsidwa kuchokera ku Lusaka, ndipo mu 1964 wailesi yathu ya MBC idayamba. Anyamata amene adalibe ndalama ya gitala adapanga banjo ndi chigubu cha mafuta, chikopa cha mbuzi ndi waya wa mabuleki a njinga. Wofulula masese adazindikira msanga kuti pomwe palira banjo mbiya imatha msanga, choncho adayamba kuwaitana ndi kuwalipira chipanda cha mowa ndi timakobidi. Apa mpamene woimba adayamba kuima payekha, ena atakhala pansi kumuonera. Nyimbo za mtundu umenewu sitikuzinyoza konse. Allan Namoko wa ku Thyolo ndi abale aja a ku Chileka, Daniel ndi Donald Kachamba, adaonetsa kuti zipangizo zosaukazi zingathe kunyamula chisoni ndi nthabwala za mtundu wonse. Iwo adapeza owajambula. Anzao a ku Malomo, ku Madisi ndi ku Nambuma adaimba, nakalamba, namwalira, nyimbo zao n'kupita nao limodzi.

Nthawi ya ulamuliro wa chipani chimodzi bwalo lidapeza mwini wina. Lamulo la 1968 loyang'anira zisangalalo lidafuna kuti zoonetsa ndi zoimba za pagulu zikhale ndi chilolezo, ndipo la 1973 lidafika mpaka pa kutalika kwa diresi. Ngakhale nyimbo ya Simon ndi Garfunkel yotchedwa Cecilia idaletsedwa chifukwa cha dzina lokha. Amai a m'midzi yathu ankatengedwa pa malole kukavina pamaso pa Ngwazi, ndipo maimbidwe a chimtali adatsala omwewo koma mau adasinthidwa. Nyimbo imene idabadwa kuti idzudzule idaphunzitsidwa kutamanda. Kunena zoona, mavinidwe adali okongola ndipo makosi adali amphamvu. Ambiri a ife tikamva maimbidwe amenewo mtima umagunda tisanakumbuke zimene ankatanthauza. Koma nyimbo yoti mau ake avomerezedwa kale ndi wapampando ili ngati mpeni wogwiritsa mwana, wochotsedwa kunsonga.

Likulu la dziko litasamukira ku Lilongwe mu 1975, mzinda wa magetsi udamera pafupi nafe. Mahotela monga Lilongwe Hotel ndi Capital Hotel adali ndi malo ovinira, ndipo magulu otchuka a nthawiyo, MBC Band, Kalimba ndi Makasu, ankamveka pa wailesi ndi m'maholo a m'mizinda. Anthu a ku Dowa ndi Ntchisi adapita ndithu ku mzindawo, koma ambiri adapita ngati omanga nyumba, alonda ndi ophika. Nyimbo za m'mahotela ankazimvera kuseri kwa mpanda.

Usiku wao weniweni udali pa Mponela. Aliyense wokulira m'dera lino adziwa mmene malowa amasinthira fodya akayamba kugulidwa ku Kanengo. Mlimi amene wakhala miyezi isanu ndi inai akuweramira nazale, munda ndi chigafa amatsika basi ali ndi ndalama za chaka chonse m'thumba, ndipo mabala, mabotolo sitolo ndi nyumba zogona alendo zimakhala zitamuyembekeza. Za makhalidwe a pamalo oterewa alaliki adanena kale zokwanira. Ife tikambe za nyimbo. M'bala nyimbo ili ndi ntchito imodzi, yakuti munthu asatuluke. Choncho iyenera kukhala yaitali, yaphokoso loti anthu asamvane bwino pokambirana za mtengo, ndi yosafuna kuti munthu aganize. Rumba ya ku Zaire idakwanira bwino pa ntchitoyi. Sitikuchepetsa luso la Franco ndi anzake. Magitala ao amalukana ngati nsungwi za lichero, ndipo oimba athu adaphunzirako zambiri. Koma mau ake adali a Chilingala, ndipo pa Mponela padalibe wowamva. Kwa mwini bala zimenezi zidali zabwino, kwa woopa ayufi zidali zabwino koposa, pakuti palibe amene adamangidwapo chifukwa chovina nyimbo yosaimva. Motero mbadwo wathunthu udazolowera kuti mau a nyimbo alibe kanthu, bola ng'oma igunde. Taganizani kutalika kwa ulendo umenewu, kuchokera pa bwalo pomwe liu lililonse linkalasa munthu wodziwika.

China chimene bala lidachita ndi kusankha omvera. Pa bwalo padali agogo, ana, atsikana ndi amfumu. M'bala mudali amuna a ndalama ndi akazi ogwiramo ntchito basi. Mai wapabanja, amene kale ndiye adali mwini nyimbo za chimtali, adatsala kunyumba akumvera phokosolo chapatali ndi kuwerenga m'mutu matumba a feteleza amene akumwedwa. Ndipo kuyambira 1985, pomwe matenda a Edzi adapezeka koyamba m'dziko muno, tidayamba kuika m'manda ovina ndi oimba omwe.

Panali njira ina, ndipo idaoneka ku Balaka. Kumeneko mu 1978 achinyamata a pa parishi, motsogozedwa ndi Paul Banda ndi mothandizidwa ndi Bambo Mario Pacifici, adayambitsa Alleluya Band. M'gulu limeneli mudatuluka Lucius Banda, amene adatisiya mu 2024, yemwe nyimbo zake za m'zaka zosinthira ulamuliro zidabwezera mano m'kamwa mwa nyimbo ya Chichewa. Phunziro la Balaka silovuta: achinyamata adapatsidwa chipinda, zipangizo ndi munthu wamkulu wowakhulupirira, ndipo sadafunikire kudikira mwini bala. Maparishi athu a m'mapiri muno ali ndi maholo. Ambiri a iwo amakhala otseka ndi loko kuyambira Lolemba mpaka Loweruka, kupatula pakakhala msonkhano kapena ukwati.

Ufulu wa 1994 udamasula pakamwa, ndipo ku Lilongwe malo ngati Bwandilo ndi Chez Ntemba adatchuka mpaka kumudzi. Koma kuno kwathu chimene chidasintha zinthu kwambiri si ufulu, ndi makina. Kaseti idalowa, kenaka chimbale cha kompyuta, kenaka kakhadi kakang'ono ngati chikhadabo konyamula nyimbo mazanamazana. Lero pa mchezo wa ukwati mnyamata mmodzi wa jenereta ndi zokuzira mau ziwiri amagwira ntchito imene kale inkafuna oimba ng'oma asanu ndi amai makumi awiri. Pa perekaniperekani nyimbo imadulidwa pakati, mwini mwambo afuule dzina la woponya ndalama, ina iyambe, idulidwenso. Magulu a m'tauni amabwerabe pa Mponela, pa Madisi ndi pa boma la Ntchisi nyengo ya fodya, koma kawirikawiri amayamba kuimba usiku utapita, anthu ataledzera kale, ndipo woimba waluso amadziwa yekha kuti palibe akumumvetsera. Zikondwerero zikuluzikulu za kunyanja, Lake of Stars yoyamba mu 2004 ndi Sand Music Festival yoyamba mu 2010, zidakweza dzina la dziko lathu. Koma zikachitikira ku Salima, gawo la anthu a ku Dowa lakhala kuona magalimoto akudutsa pa Chezi ndi pa Mvera, ndi kuwagulitsa tomato.

Akulu adati chakudza sichiimba ng'oma. Ndani akadalota kuti bwalo lopanda chitseko lidzabwerera m'mapiri muno kudzera ku Dzaleka? Achikulire akudziwa chimene dzinali linkatanthauza. Idali ndende ya anthu oganiziridwa kuti ngoukira boma, ndipo a Mboni za Yehova ambiri adazunzikira kumeneko m'zaka za m'ma 1970. Munthu ankalitchula dzinali motsitsa mau. Mu 1994 malowa adasandutsidwa msasa wa anthu othawa nkhondo, makamaka ochokera ku Congo, Burundi ndi Rwanda, komanso ku Somalia ndi Ethiopia. Adakonzedwera anthu pafupifupi 10,000 kapena 12,000, koma pofika 2023 mudali anthu oposa 50,000.

M'chaka cha 2014 mlakatuli wina wa ku Congo wokhala mu msasamo, Trésor Nzengu Mpauni, wodziwika ndi dzina lakuti Menes La Plume, adayambitsa chikondwerero cha zoimbaimba chotchedwa Tumaini, liu la Chiswahili lotanthauza chiyembekezo. Mu 2024 chidakwanitsa zaka khumi. Zinthu ziwiri za chikondwererochi ziyenera kutiimitsa. Choyamba, kulowa nkwaulere. Chachiwiri, alendo ofuna kugona amalandiridwa m'nyumba za mabanja a mu msasamo, nadya zimene eni nyumba aphika. Amene adavinapo mganda sangalephere kuzindikira dongosolo limeneli. Mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa. Koma kalumo aka, tikakayang'anitsitsa, nkofanana ndi kathu kamene tidataya.

Ndipo malowo aumbanso nyimbo zake. Poti kuimba kumayamba dzuwa lili pamutu ndipo palibe wobwezedwa pakhomo, ana abwereranso kutsogolo kwa bwalo, atakhala pafumbi, amai ali ndi makanda kumbuyo. Woimba amene adazolowera omvera oledzera amapeza maso zikwizikwi akumuyang'ana ali bwinobwino, ndipo ulesi wake umaonekera. Oimba ng'oma a Chirundi a gulu la Amahoro akalowa atasenza ng'oma zazikulu pamutu, akuziomba akuyenda, munthu wa ku Dowa safuna womasulira. Amaona msanga kuti kumeneko nakonso ng'oma ili ndi maudindo, ina yogwira mayendedwe, ina yolankhula ndi wovina. Gitala wa Chikongo, amene tidamudziwira mu utsi wa m'bala, pano amamveka ali m'manja mwa eni ake, ndipo pambali pako pamakhala munthu woti n'kukuuza chimene mauwo akunena. Ambiri a ife tidadabwa kumva kuti nyimbo zina zimene tinkavina mosekera zidali za maliro ndi za kusowa kwao.

Pali zofooka, ndipo tizinene. Pofuna kupatsa mpata aliyense, magulu amachuluka kotero kuti ena amatsika asanatenthe n'komwe. Achinyamata ena, a mu msasa ndi a kwathu omwe, amangoimba motsatira nyimbo yojambulidwa kale, akuyendayenda ndi chokuzira mau m'manja monga aonera pa kanema, ndipo zoterezi pa bwalo la masana zimaoneka zopanda thupi. Magule a midzi yozungulira msasawo, mganda ndi chimtali, sayenera kukhala ngati ndiwo zolawitsa alendo nyimbo zenizeni zisanayambe. Komanso chikondwerero cha masiku owerengeka pa chaka, chodalira thandizo la abwenzi akunja, sichingalowe m'malo mwa bwalo limene linkakhalapo mwezi uliwonse ukawala.

Koma chotivuta kwambiri mumtima si cha oimba, ndi chathu. Lamulo la dziko lathu limafuna kuti othawa kwao azikhala mu msasa, ndipo silimawapatsa ufulu woyenda kapena kugwira ntchito momwe afunira. Mwezi wa Meyi 2023 apolisi ndi asilikali adagwira mazana a iwo m'makwalala a Lilongwe, amai ndi ana omwe, nawasunga ku ndende ya Maula asanawatumize ku Dzaleka. Miyezi ingapo pambuyo pake ena a ife tidakwera magalimoto kupita ku msasa womwewo kukavina, ndipo adatilandira, natipatsa mipando ndi chakudya.

Pa mwambo wa mganda, mudzi umene walandiridwa kawiri osabweza unkachita manyazi kukumana ndi anzao pa msika. Ife talandiridwa kuyambira 2014. Chikondwerero chikatha magalimoto amatsika kulowera ku Lumbadzi, nyali zao zikuloza kuwala kuja kwa kummwera, ndipo anyamata a Amahoro amasenzanso ng'oma zao kubwerera nazo m'tinjira ta mu msasa. Kuti adzaziombe pa bwalo la mudzi wa kutsidya kwa dambo, kumene utsi wake amauona tsiku ndi tsiku, payenera kupezeka mfumu yowaitana, mabanja owaphikira, ndi kalata ya chilolezo chotulukira pa chipata.